Chamba cha mu labotale: fodya amene ngakhale womugulitsa samudziwa

Ngati mumakhalitsa pa TikTok kapena Facebook, mwina munaonapo makanema a anyamata a ku Freetown, likulu la Sierra Leone, ataima chilili m'mbali mwa msewu, mutu uli pendekete, maso ali gwa, ngati agona choimirira. Ena amadzandira n'kugwera mu ngalande. Pansi pa makanemawo anthu amaseka, ena n'kumalemba kuti chamba cha kumeneko n'chaukali. Chimene anyamatawa amasuta amachitcha kush, ndipo ine ndikuti tisachitchule chamba, chifukwa dzina limeneli ndi limene likupusitsa anthu.

Kush ali pa ubale ndi mankhwala amene ku Ulaya ndi ku America amawatcha Spice kapena K2. Asayansi amawatcha synthetic cannabinoids, kutanthauza mankhwala opangidwa mu labotale kuti agwire mu ubongo pamalo pomwe chamba chimagwira. Salimidwa m'munda. Amabwera ngati ufa, ndipo ufawo amausungunula mu acetone, mankhwala aja ochotsera penti wa m'zikhadabo, n'kuwazira pa masamba ouma a chomera china chilichonse. Masambawo akauma amaoneka ngati fodya wamba, ndipo amawapichira n'kusuta.

Chiyambi chake sichinali cha uchigawenga. John W. Huffman, katswiri wa sayansi pa yunivesite ya Clemson ku America, pamodzi ndi gulu lake anapanga mankhwala otere mazanamazana pofufuza mmene chamba chimagwirira ntchito m'thupi. Zotsatira zake anazisindikiza m'magazini a sayansi monga mwa nthawi zonse. Anthu ena ochenjera pa ndalama anawerenga, n'kuyamba kuphika okha. Cha m'ma 2004, timapaketi ta Spice tinayamba kugulitsidwa ku Ulaya ngati zofukiza za zitsamba, tolembedwa kuti si todya kapena kusuta. Kumapeto kwa 2008, ma labotale a ku Germany anapeza kuti mphamvu yake sinkachokera m'zitsambazo ayi, koma m'mankhwala otchedwa JWH-018. Zilembo zitatuzo ndi zoyamba za dzina la Huffman.

Kusiyana kwake ndi chamba kuli apa. Mu ubongo muli timalo totchedwa CB1 tomwe timalandira THC, chinthu chimene chimaledzeretsa mu chamba. THC amatsegula timaloti pang'ono chabe, ngati kukweza voliyumu ya wailesi mpaka pakati. Mankhwala a mu labotalewa amakweza mpaka kumapeto, sipika n'kung'ambika. N'chifukwa chake amachita zinthu zimene chamba sichichita kawirikawiri: mtima kuthamanga mosalongosoka, kugwa ngati wakhunyu, kusanza kosalekeza, impso kusiya kugwira ntchito, kuona zinthu zoti palibe, kuchita ndewu, kukomoka, ngakhale kufa. Sindikunena kuti chamba n'chabwino, nacho chimasokoneza mitu ya achinyamata ambiri. Koma izi ndi zina.

Vuto lachiwiri ndi kaphikidwe. Wowazira mankhwala pa masamba alibe sikelo ya dokotala. Mbali ina ya mulu imanyowa kwambiri, ina pang'ono. Ndiye anthu awiri angagule paketi imodzi, wina n'kungomva chizungulire, mnzakeyo n'kudzukira kuchipatala. Paketi ya lero ndi ya mawa zikhoza kukhala ndi dzina limodzi ndi chithunzi chimodzi, koma mankhwala a mkatimo osiyana kotheratu. Wogulitsa pa kona naye sadziwa chimene wanyamula.

Zitsanzo zilipo. Pa 12 Julaye 2016, ku Brooklyn mu mzinda wa New York, anthu 33 anapezeka atabalalika m'dera limodzi, akuyenda ngati mizukwa, ena ali kwala pansi. Atayeza magazi a ena mwa iwo ndi fodya amene anasuta, anapeza AMB-FUBINACA, mankhwala amene mu labotale anaonetsa mphamvu zoposa za THC maulendo 85. Mu 2018, m'chigawo cha Illinois ku America komweko, anthu oposa 150 anapita kuchipatala akutuluka magazi m'mphuno, m'kamwa ndi mu mkodzo, ndipo ena anamwalira. Fodya wawo anali wosakanizidwa ndi brodifacoum, mankhwala ophera makoswe amene amalepheretsa magazi kuundana.

Ku Sierra Leone zinafika poipa kwambiri moti mu Epulo 2024 pulezidenti Julius Maada Bio analengeza kuti vuto la mankhwala ozunguza bongo ndi ngozi yogwera dziko lonse. Miyezi ingapo izi zisanachitike, pulezidenti Joseph Boakai wa dziko loyandikana nalo la Liberia anali atalengeza zofanana. Kwa zaka, anthu ankanena kuti mu kush amathiramo mafupa a anthu akufa, mpaka apolisi anayamba kulondera manda. Lipoti limene mabungwe a Global Initiative Against Transnational Organized Crime ndi Clingendael anatulutsa mu Febuluwale 2025, atayeza kush mu labotale, linaonetsa china. Mu kush wina munali mankhwala a gulu la Spice otchedwa MDMB-4en-PINACA, ndipo mu wina munali nitazenes, mankhwala a gulu la heroin koma amphamvu kuposa heroin maulendo ambirimbiri, amene amaimitsa kupuma. Lipotilo linati zopangira zake zimaitanitsidwa kunja, zina pa intaneti, n'kufika pa sitima kapena m'maphukusi a makampani onyamula katundu.

Apa pali phunziro limene ine ndikuliona kuti ndi lalikulu pa nkhani yonseyi. Dziko linatha zaka likulimbana ndi mdani amene silinkamudziwa dzina, anthu akufa, mphekesera zili mbwee. Chikhala kuti madokotala ankadziwa msanga za nitazenes, bwenzi akudziwanso kuti naloxone, mankhwala odzutsa munthu amene wakomoka ndi heroin, angapulumutse ena. Pa mankhwala a gulu la Spice palibe mankhwala otere. Madokotala amangothandiza munthu kupuma, kuletsa kugwako ndi kuteteza impso, n'kudikira kuti poizoni atuluke.

Nanga malamulo? Poyamba mayiko ankaletsa mankhwalawa mmodzimmodzi potchula dzina. Boma likaletsa JWH-018, opanga ankangosintha kachigawo kamodzi, n'kutuluka ndi mankhwala atsopano amene lamulo silikuwadziwa, nthawi zambiri amphamvu kuposa oyambawo. Pano mitundu yodziwika ndi yoposa 200. New Zealand inayesa njira ina mu 2013, yolola ena kugulitsidwa ndi ziphaso, koma mu 2014 inawachotsa onse m'masitolo. Britain mu 2016 inakhazikitsa lamulo loletsa kugulitsa chilichonse chozunguza bongo kupatula zochepa monga mowa, fodya, khofi ndi mankhwala a kuchipatala. China, komwe ufa wambiri unkachokera, inaletsa gulu lonse la mankhwalawa kuyambira pa 1 Julaye 2021.

Malamulowa anatseka masitolo, koma Spice sanathe. Ku Britain anasamukira kwa anthu ogona m'misewu ndi kundende, komwe amamulowetsa atanyika pepala la kalata m'mankhwala, akaidi n'kumang'amba tizidutswa n'kusuta. Kenako analowa mu vape. Mu 2024, ofufuza a pa yunivesite ya Bath anayeza ma vape 596 olandidwa m'sukulu 38 za ku England, ndipo pafupifupi imodzi mwa 6 iliyonse inali ndi Spice. Ana ambiri ankaganiza kuti agula mafuta a chamba, amene ndi odula, koma anawapatsa Spice wotchipa.

Wina anena kuti kuno ku Malawi chamba chimamera chokha ku Nkhotakota, ndani angagule cha fake? Funso ndi labwino, koma Sierra Leone nayo inali ndi chamba chake cholima, ndipo kush anachipitirira. Ndi wotchipa, amagwira msanga, ndipo ufa wokwana m'thumba la jekete umapanga fodya wochuluka zedi. Sanunkha ngati chamba, ndipo zoyezera mkodzo wamba zofufuza chamba sizimuona. Mankhwalawa anafika kale pa zilumba za Mauritius ndi Mayotte, ndipo Mayotte ili m'nyanja yomweyi ya pakati pa Mozambique ndi Madagascar. Moto umapita kumene kwatsala tchire, ndipo tchire lake ndi achinyamata osowa ntchito, mafoni olumikizika ku dziko lonse ndi maphukusi olowa tsiku lililonse.

Mu 2020 nyumba ya malamulo inavomereza lamulo lolola kulima chamba cha mankhwala ndi cha mafakitale, ndipo kusuta kunakhalabe mlandu. Mtsutso wathu wonse wakhala pa chomera: ndani alime, chiphaso ndi ndalama zingati. Ine ndikuona kuti aphungu, apolisi ndi bungwe loona za mankhwala la PMRA akuyeneranso kuyang'ana ku ufa. Lamulo lilembedwe loletsa gulu lonse, osati dzina limodzilimodzi. Pakhale zipangizo zoti fodya wachilendo akagwidwa kapena akagwetsa munthu, ayezedwe msanga ndipo zotsatira zilengezedwe poyera. Ndipo wosuta amene wadwala aziopa imfa, osati kuopa kupita kuchipatala poganiza kuti akamangidwa.

Kwa ife achinyamata, nkhani ndi yachidule. Vape yopanda chizindikiro, yothiridwa madzi ndi munthu wa pa WhatsApp, kapena ndudu imene wakupatsa mnzako akuti "iyi ndi ya kunja, aise", simungadziwe za mkati mwake poiyang'ana kapena kuinunkhiza. Mnzanu akagwa atasuta, mugonekeni chammbali kuti asatsamwe ndi masanzi, musamumwetse mkaka kapena madzi, ndipo musamuike kanthu m'kamwa. Thamangirani naye kuchipatala, tengani chimene wasutacho, ndipo auzeni madokotala zoona. Amene wazolowera kale asalimbane nazo yekha, chifukwa kusiya mwadzidzidzi kumabweretsa thukuta, kusowa tulo, kunjenjemera, nthawi zina kugwa kumene. Chipatala cha Zomba Mental ndi cha St John of God ku Mzuzu ndi ku Lilongwe chimathandiza anthu ofuna kusiya mankhwala ozunguza bongo, ndipo chipatala cha boma chapafupi chingakulozereni koyambira.