Ava DuVernay, mayi amene adayamba ndi kutsatsa mafilimu a ena

Filimu ikatha, mayina amayenda pa sikirini ife tikudzuka kale pampando. Koma pa mayinawo pali awiri amene amasenza ntchito yonse. Dayilekita ndiye amasankha poimika kamera, n'kumauza wosewera kuti apa lankhula motsitsa, apa usamuyang'ane mnzako. Pulodyusa amasaka ndalama, amalemba anthu ntchito, ndipo amaonetsetsa kuti filimuyo yafika kwa oonera. Ava DuVernay, wobadwira ku California mu 1972, amagwira ntchito zonse ziwiri, ndipo kwa ine yachiwiriyi ndi imene imamusiyanitsa ndi anzake.

Sadapiteko kusukulu ya mafilimu. Atamaliza maphunziro ku yunivesite ya UCLA adakhala zaka zambiri akutsatsa mafilimu a anthu ena, ndipo kamera adaigwira atapitirira kale zaka 30. Filimu yake ya I Will Follow ya 2010 adaijambula ndi ndalama za m'thumba mwake, madola pafupifupi 50,000. Poti msika adali kuudziwa bwino, sadadikire makampani akuluakulu. Adayambitsa bungwe lofalitsa mafilimu a anthu akuda, lomwe lero limatchedwa ARRAY. Mu 2012 Middle of Nowhere idamupatsa mphoto ya dayilekita pa chikondwerero cha mafilimu cha Sundance, ndipo adakhala mayi wakuda woyamba kuilandira.

Ambiri tidamudziwira pa Selma ya 2014, yonena za Martin Luther King Jr. ndi ulendo wa 1965 womenyera ufulu wovota ku Alabama. Apa padali vuto lalikulu: chilolezo chogwiritsa ntchito mawu enieni a King chidali chitaperekedwa kale ku makampani ena. DuVernay adakhala pansi n'kulemba yekha mawu atsopano, otsata kalankhulidwe ka mbusayo, ndipo David Oyelowo, amene adasewera ngati King, akamawalankhula simungadziwe kuti si a King. Gawo la pamlatho wa Edmund Pettus limandiimitsa mutu nthawi zonse: utsi wokhetsa misozi uli tolo, apolisi ali pamahatchi, zibonga zikutsikira pamisana ya amayi ovala zakutchalitchi. Filimuyo idapikisana nawo pa mphoto ya Oscar ya filimu yopambana, koma dzina la DuVernay silidaoneke pagulu la madayilekita. Kumeneko kudali kumulakwira.

Pa TV, When They See Us yake ya 2019 idafotokoza za anyamata asanu a ku New York amene adawanamizira mlandu wogwiririra mayi wina ku Central Park mu 1989, n'kudzapezeka osalakwa mu 2002. Gawo lachinayi, la Korey Wise, mmodzi wa anyamatawo, amene adalowa m'ndende ya akuluakulu ali ndi zaka 16, ndi lovuta kulionera mpaka kumapeto.

Komabe chimene ndimachilemekeza kwambiri ndi Queen Sugar, sewero la ana atatu amene adasiyiridwa munda wa nzimbe ku Louisiana. Lidaonetsedwa kuyambira 2016 mpaka 2022, ndipo monga pulodyusa DuVernay adagamula kuti gawo lililonse litsogoleredwe ndi mayi. Chifukwa chake n'chomveka. Ku America makampani a TV amazengereza kukupatsa gawo ngati sudatsogolerepo lina, ndiye amayi ambiri aluso, ena atajambula kale mafilimu awoawo, ankangothera pakhomo. Iye adawapatsa gawo loyambalo, ndipo ambiri mwa iwo adapitirira kukatsogolera masewero a makampani ena.