Ng'ombe za ku Törbel ndi mitengo ya pa Soche

Dziko la Switzerland likhoza kulowa m'dziko la Malawi pafupifupi katatu. Monga ife, lilibe doko la panyanja yamchere, lazingidwa ndi Germany, France, Italy, Austria ndi Liechtenstein. Gawo loposa theka ndi mapiri a Alps. Nsonga yayitali kwambiri, Dufourspitze, imafika mamita 4,634, pamene Sapitwa wathu pa Mulanje ali ndi mamita 3,002. Mitsinje ya Rhine ndi Rhône imachokera m'mapiri a Alps omwewa.

Dzina la dzikoli lidachokera ku Schwyz, chigawo chimodzi chaching'ono chomwe mu 1291 chidapangana ndi Uri ndi Unterwalden kuti azitetezana. Zigawo zina zidadza pambuyo, ndipo lero zilipo 26. Koma pa galimoto zawo pamalembedwa CH, chidule cha Confoederatio Helvetica, dzina la Chilatini lokumbutsa mtundu wa Helvetii womwe Julius Caesar adaugonjetsa mu 58 BC. Chilatini sichilankhulo cha mbali iliyonse, choncho palibe angati mnzake wamudyera masuku pamutu. Ambiri amalankhula Chijeremani, ena Chifalansa, ena Chitaliyana, ndipo kagulu kosakwana munthu mmodzi pa 100 alionse kamalankhula Romansh m'zigwa za Graubünden. Mu 1938 anthu adavota kuti Romansh chikhale chilankhulo cha dziko.

Ife tidayenda njira ina. Mu 1964 tidasiya dzina la Nyasaland n'kutenga la Malawi, lochokera ku Maravi, ndipo mu 1968 Chichewa chidakhala chilankhulo cha dziko, Chitumbuka n'kuchotsedwa pa wailesi ndi m'sukulu. Ndimachikonda Chichewa, koma bala lomwe anthu akumpoto adalimva chaka chimenecho silidapolebe bwinobwino. Ku Switzerland nkhani ya chilankhulo cha m'kalasi ili m'manja mwa chigawo, eni ake olankhulawo.

Chomwe chimandikoka mtima kwambiri ndi mudzi wa Törbel, m'chigawo cha Valais. Mudziwu udakhala pamtsetse, ndipo pamwamba pake pali msipu womwe ng'ombe zimakwera kukadya nyengo yofunda. Mu 1483 eni mudzi adalemberana pangano loti msipu ndi nkhalango n'za onse. Mu 1517 adaonjezera lamulo loti munthu asatumize kuphiri ng'ombe zoposa zomwe angathe kudyetsa m'khola mwake nyengo yozizira, chipale chofewa chikakuta nthaka. Wofuna ng'ombe zambiri ayambe wamweta udzu wokwanira m'munda mwake, kuwumitsa ndi kuwusunga. Wozembetsa ng'ombe ankalipa chindapusa. Tchizi chopangidwa kuphiriko ankagawana potengera ng'ombe za banja lililonse, ndipo mitengo yodula ankayamba aiika chizindikiro, kenaka n'kugawana mwa maere. Elinor Ostrom, yemwe adalandira mphotho ya Nobel mu 2009, adalemba za mudziwu posonyeza kuti chuma cha onse sichitha ngati ochidya ndiwo akuika malamulo n'kumalonderana okha.

Nzeru yotereyi si yachilendo kwathu. Pachilumba cha Mbenji ku Salima, mfumu Makanjira ndi asodzi amatseka usodzi nyengo ya dzinja kuti utaka uswane, ndipo tsiku lotsegulira limakhala la mwambo. Yendaninso m'midzi ya ku Dedza kapena Lilongwe: minda yonse ili mbee, koma pakati pake pali kansitu kobiriwira. Ndi kumanda. Palibe mlonda wa mfuti, koma nkhwangwa silowamo popanda mawu a mfumu.

Tsono n'chifukwa chiyani Soche ndi Ndirande adameteka mpala? Mapiriwa ndi a boma, ndipo anthu okhala m'tsinde mwake sadawaone ngati awo. Mlonda wa nkhalango akapita, wootcha makala amabwera. Pa Mulanje mkungudza, mtengo womwe boma lidausankha kukhala wa dziko, watsala pang'ono kutheratu. M'mwezi wa Malichi 2023, namondwe wa Freddy adagwetsa matope ndi miyala kuchokera pa Soche, n'kukwirira nyumba ndi anthu ku Chilobwe. Mvula idali yoopsa, ndipo mitengo yokha sikadaletsa zonse. Komabe phiri lopanda mizu siligwira dothi.

A ku Switzerland nawonso adaphunzira ndi misozi. Ku Andermatt, kalata ya mu 1397 idaletsa kudula mtengo m'nkhalango ya pamwamba pa mudzi, chifukwa ndiyo inkatchinga chipale chogumuka. Koma kwina anthu adadula mosasamala, ndipo madzi osefukira a mu 1868 ataononga zigwa, boma lidakhazikitsa lamulo la nkhalango za m'mapiri mu 1876. Kudathandizanso kuti sitima idayamba kubweretsa malasha, kenaka mitsinje idayamba kupereka magetsi, anthu n'kusiya kudalira nkhuni. Mayi wa ku Chilobwe sangasiye mbaula pomwe alibe china chophikira.

Tisaganizenso kuti anthuwa adabadwa olemera. Phiri silidyetsa anthu ambiri, ndipo kwa zaka mazanamazana anyamata ankapita kukagwira usilikali wolipidwa kwa mafumu akunja. Asilikali olondera Papa ku Vatican kuyambira 1506 ndi chotsalira cha nthawiyo. Agogo athu omwe adakwera ndege za Wenela kupita kumigodi ya ku Joni akadaimvetsa bwino nkhaniyi.

Pali pena pomwe ulamuliro wa eni dera udalakwa. Ku Glarus ndi Appenzell Innerrhoden anthu amasonkhanabe pabwalo kamodzi pachaka n'kuvota pokweza manja, koma amayi a ku Switzerland adayamba kuvota pa zisankho za dziko mu 1971, ndipo ku Appenzell Innerrhoden mpaka khoti lidachita kulamula mu 1990. Pakati pa Achewa, amayi akuluakulu a mbumba akhala ndi mawu posankha mfumu kuyambira kale, ndipo munda umatsata mzere wa amayi.

Lamulo lathu la nkhalango la mu 1997 limalola midzi kukhala ndi nkhalango zawo ndi makomiti oziyang'anira. Chomwe ndikufuna kuona n'choti mphamvu yomweyo ifike pamapiri akuluakulu: anthu a m'tsinde mwa Mulanje, Zomba ndi Michiru azidziwa mitengo ingati idulidwe chaka chino, ndani aidule, ndipo chindapusa cha wolakwa chizitsala m'mudzi momwemo.