Ng'oma Saliza ndi Manja Okha

M'midzi ya ku Sasare, monganso m'madera ena a maboma a Petauke ndi Nyimba, mwana aliyense angathe kumenya cikumba ca ng'oma n'kumveka kutali. Koma akuluakulu amasiyanitsa womenya ndi woliza. Womenya ali ndi mphamvu cabe. Woliza ali ndi khutu, ndipo khutulo ndilo lifunika kuphunzitsidwa.

Maphunziro amayambira pa ng'oma yaing'ono. Wophunzira amapatsidwa kalizidwe kamodzi kakafupi, ndipo ayenera kukabwereza mosafulumira ndiponso mosacedwa kufikira gule atatha. Nchitoyi imaoneka yopepuka, koma ndiyo mzati wa nyumba. Mnzake akayamba kalizidwe kosiyana pambali pake, wosazolowera amakokedwa n'kutaya kake, ndipo ovina amasokonezeka mapazi.

Apa ndi pamene pagona luso lalikulu. Ng'oma za kwathu siziponda pamodzi ngati asilikali pa perete, zimapingasana. Yesani motere. Werengani kuyambira 1 kufika 6 mobwerezabwereza. Dzanja lamanja limenye bondo pa 1, 3 ndi 5, lamanzere pa 1 ndi 4. Mudzaona kuti manja akumana pa 1 pokha, ndipo lina lamenya katatu pamene linzake lamenya kawiri. Mukazolowera, sinthanitsani manja, kenaka muyambe kuimba nyimbo manja ali pa nchito yao. Amai awiri osinja mumtondo umodzi adziwa kale cinsinsi cake: musi wa wina umatsika pamene wa mnzake wakwera, ndipo aliyense asunga mpata wake.

Luso limeneli linadabwitsa ngakhale akatswiri ocokera kunja. A. M. Jones, mmishonale amene anakhala zaka zambiri m'dziko lino, analongosola kupingasana kwa ng'oma m'buku lake la mu 1959. Mu 1961 John Blacking anafika m'boma la Petauke kudzaphunzira nyimbo za Ansenga, ndipo analemba za kalimba, m'mene zala ziwiri zazikulu zimagawana nchito monga oliza ng'oma awiri.

Pamwamba pa zonse pali ng'oma yotsogolera. Kwa anansi athu Acewa, pa Gule Wamkulu amene bungwe la UNESCO linamlemekeza mu 2005, ng'omayi amaicha mbalule. Woliza mbalule sabwereza cinthu cimodzi. Maso ake amakhala pa mapazi a wovina. Amamyankha, kumfulumiza, ndi kumdziwitsa pomalizira. Iye angathe kucoka m'njira ndi kubwereramo cifukwa anzake a ng'oma zinazo aigwira njirayo osaisiya. Ayeneranso kudziwa kuwamba ng'oma pamoto kuti cikumba cikungike, ndi kumata phula pakati kuti liu likule.

Zonsezi siziphunziridwa usiku umodzi, ndipo wailesi kapena foni sizingamuongole mwana dzanja. Nkhalamba yodziwa kuliza ikamwalira isanasiye wophunzira, mudzi umatsala ndi ng'oma zopanda mau. Mwambo wa Tuwimba wa Ansenga a Mfumu Yaikulu Kalindawalo, cinamwali ndi maukwati zidzafuna oliza m'zaka zirinkudza. Motero makolo, mafumu a midzi ndi aphunzitsi, patsani anyamata ndi atsikana nthawi yokhala pafupi ndi akatswiriwa madzulo nchito ya kumunda itatha. Paja akulu anati m'mera mpoyamba.