Ndagi za m'misewu ya Ilha de Moçambique

M'mizinda yambiri yakale ya padziko lapansi mwafala njira yatsopano yoonera malo. Mlendo safunanso munthu womuperekeza. Amaika pulogalamu mufoni yake, naima pamalo oyambira, ndipo foniyo imamupatsa funso loyamba. Yankho lake limakhala pakhoma, pachitseko, pachipilala kapena pamwala umene wauyandikira. Akalipeza n'kulilemba, foni imamuuza kolowera, ndipo funso lachiwiri limatseguka pokhapokha akafika kumeneko. Pa Chipwitikizi sewero lotere amati caça ao tesouro. Ife m'nkhani ino tilitcha sewero la kusakasaka.

Kagwiridwe kake ka ntchito n'kosavuta kumvetsa. Foni imadziwa pamene munthu waima chifukwa imalandira zizindikiro zochokera ku masetilaiti, njira imene imatchedwa GPS. Wokonza sewero amakhala atasankhiratu malo ake pamapu n'kuika funso pamalo aliwonse. GPS payokha siidalira intaneti, choncho mapulogalamu ena amalola munthu kutsitsiratu mafunso onse asananyamuke. Imaphonya ndi mamita angapo, makamaka m'tinjira topanikizika pakati pa makoma aatali, ndipo imamaliza batire msanga. Za makina zathera pomwepa. Chimene chimachititsa munthu wamkulu kuyenda maola awiri padzuwa osadandaula ndi funso, ndipo funso lobisa chinthu kuti munthu achipeze mwa kuyang'anitsitsa ife tili nalo dzina lake kuyambira kale: ndi ndagi. Mwana amene anakulira pabwalo pamene wina amati “Ndagi!” ena n'kuyankha kuti “Gize!” amalidziwa kale seweroli, ngakhale sanagwirepo foni.

Tili ndi chifukwa cholowetsera nkhaniyi m'buku la aphunzitsi. Chinyanja chinali chimodzi mwa zinenero ziwiri zimene zinayesedwa m'sukulu pa ntchito ya PEBIMO, kuyambira mu 1993 mpaka mu 1997, Chinyanja ku Tete ndipo Chichangana ku Gaza. Pambuyo pake maphunziro a pulayimale anapatula magawo 20 pa 100 alionse a nthawi yophunzira kuti akhale a zinthu za m'dera la mwana, zimene timazidziwa ndi dzina lakuti currículo local. Tikunena mosabisa kuti nthawi imeneyi kawirikawiri imathera pa kulembetsa ana maina a mapiri ndi mitsinje imene akuiona pawindo. Sewero la kusakasaka likutisonyeza njira ina yoigwiritsira ntchito. Kuti tione mmene funso labwino limapangidwira, tiyerekeze kuti tikukonza sewero lotere pa Ilha de Moçambique, m'chigawo cha Nampula, chilumba chimene chinapatsa dziko lathu dzina.

Chilumbachi n'chotalika pafupifupi makilomita 3, ndipo m'lifupi n'chopyapyala moti m'malo ena munthu amaona nyanja mbali zonse ziwiri. Vasco da Gama atafika mu 1498 anapeza kuti ndi doko la amalonda achisilamu. Apwitikizi anachisandutsa likulu lawo mpaka mu 1898, pamene analisamutsira ku Lourenço Marques, komwe lero ndi Maputo. Bungwe la UNESCO linachiika pamndandanda wa malo a chuma cha anthu onse mu 1991. Zonsezi mphunzitsi atha kuzilemba pabolodi, ana n'kuziloweza, n'kuziiwala mayeso akatha.

Tsopano tiime kumpoto kwenikweni kwa chilumbachi, pamene pali linga la São Sebastião. Funso losathandiza lingakhale lakuti: “Kodi lingali linayamba kumangidwa liti?” Wodziwa kale anena kuti mu 1558, wosadziwa afufuza pa intaneti, ndipo onse awiri sanayang'ane linga. Ndagi yathu ingakhale iyi: “Ndine wamng'ono, ndabisala kumbuyo kwa chimphona, koma pobadwa mkulu ndine.” Kuti munthu ayankhe ayenera kudutsa m'linga monse mpaka kunsonga, kumene apeze katchalitchi ka Nossa Senhora do Baluarte, komangidwa mu 1522. Zaka ziwirizo azifuna yekha, chifukwa popanda izo sangatsimikize kuti mkulu ndani. Chaka chimene munthu wachifuna kuti athetse mkangano chimakhalitsa m'mutu kuposa chimene wangopatsidwa.

Tisanatuluke m'lingamo tiponyenso ina: “Madzi andizinga mbali zonse, koma ndimamwa ochokera kumwamba.” Yankho ndi zitsime zikuluzikulu zomangidwa ndi miyala, zosungira madzi a mvula otsika m'madenga. Pachilumbapa palibe mtsinje, ndipo madzi a m'nyanja ya Indian ndi amchere. Wopeza yankho ili amvetsa yekha chimodzi mwa zinthu zimene zinathandiza asilikali a m'lingamo kupirira pamene Adatchi anawazinga mu 1607 ndi mu 1608. Taonani kuti ndagi imodzi yagwira mbiri, sayansi ya madzi ndiponso kamangidwe ka nyumba, koma mawu ake ndi oti mwana wa kalasi 3 awamva onse.

Kuchoka apo njira ipita ku Palácio de São Paulo, nyumba imene inamangidwa mu 1610 kukhala sukulu ya ansembe a Chijezwiti, kenako n'kukhala nyumba ya bwanamkubwa, ndipo lero ndi yosungiramo zinthu zakale. Ipitanso pa chifanizo cha mlakatuli Luís de Camões, amene anakhalapo pachilumbachi. Apa sitichedwapo, pakuti malo amenewa ali ndi zikwangwani ndipo mabuku a alendo amawafotokoza mokwanira.

Pofunika kuchedwa ndi kum'mwera. Chilumbachi chili ndi mizinda iwiri: wa miyala ndi laimu kumpoto, ndi wa macuti kum'mwera, wotchedwa choncho chifukwa cha madenga ofolera ndi masamba a mitengo ya kokonati. Anthu ambiri a pachilumbachi amakhala kwa macuti. Ndagi yake nayi: “Ndinapereka miyala kuti mnzanga akwere, ine n'kutsika.” Woyenda mumsewu aona kuti nyumba zambiri za kumeneko zili m'munsi mwa msewu, moti denga limatsala pang'ono kulingana ndi mapazi ake. Zili choncho chifukwa miyala yomangira mzinda wa kumpoto ankaikumba kumeneko, ndipo anthu anamanga nyumba zawo m'maenje otsalawo. Mvula ikagwa yambiri madzi amadikha momwemo.

Wokonza sewero amene amadalira zikwangwani zokha sadzafika kwa macuti, chifukwa kumeneko zolembedwa pamakoma n'zochepa. Mbiri yake ili m'kamwa mwa anthu, ndipo ili m'Chimakhuwa. Dzina limene eni ake amatchula chilumba chawo ndi Muhipiti. Gule wa tufo amene amayi amavina, ndiponso mussiro umene amadzola kumaso, nkhani zake zimamveka munthu akapereka moni n'kufunsa. Apa ndi pamene foni imaperewera, pakuti inapangidwa kuti mlendo ayende yekha osafunsa munthu. Ife tikufuna zosiyana ndi zimenezo. Pa ndagi khumi zimene mphunzitsi akonze, zitatu kapena zinayi zikhale zoti yankho lake silingapezeke popanda kufunsa wamkulu, m'chinenero cha wamkuluyo. Mwana akaona kuti agogo osadziwa kulemba ndiwo akusunga yankho limene aphunzitsi akulifuna, amayamba kuchiona mwa mtundu wina chinenero cha kwawo.

Pali malo amodzi pachilumbachi pamene sitingaponye ndagi. Jardim da Memória ndi munda wokumbukira anthu amene anagulitsidwa ukapolo n'kukwezedwa m'zombo kupita ku Brazil ndi kuzilumba za m'nyanja ya Indian. Ena mwa iwo anachokera kumtunda, m'madera oyandikana ndi nyanja yathu ya Niassa. Mapulogalamu ambiri amawerenga nthawi ndi kupereka mapointi kwa wofulumira, ndipo mpikisano wotere suyenera pamalo ngati amenewa. Gulu likafika pamenepo liime, lione, kenako aliyense anene chimene waona. Wokonza sewero ayenera kudziwa malo osewerera ndi malo okhala chete.

Tinenepo za vuto lina la foni limene likutikhudza ife a Chinyanja kwambiri. Pulogalamu imayerekeza zimene munthu walemba ndi yankho limene inapatsidwa, chilembo ndi chilembo. Ana athu a m'malire amakumana ndi kalembedwe kawiri. Wina alemba chitsime monga amaonera m'mabuku ochokera ku Malawi, wina alemba citsime, ndipo onse akhoza. Makina avomera mmodzi n'kukana mnzake. Mwana wokanidwayo saganiza kuti makina ndiwo aperewera, amaganiza kuti Chinyanja chake n'cholakwika. Amene adzakonze sewero lake pafoni alowetsemo malembedwe onse ovomerezeka, kapena apemphe chithunzi m'malo mwa mawu. Kalembedwe koyenera kaphunzitsidwe m'kalasi pa nthawi yake.

Tikudziwa kuti ambiri mwa inu mudzatumizidwa ku Angónia, ku Tsangano, ku Macanga, ku Chifunde kapena ku Lago, kumasukulu kumene foni yamakono ndi ya mphunzitsi yekha, ndipo Ilha ili kutali ndi ana anu. Seweroli silifa chifukwa cha zimenezo. Ntchito ya GPS ingagwiridwe ndi munthu. Pamalo aliwonse pakhale wophunzira wamkulu, kholo kapena mwini malowo atasunga kapepala ka ndagi yotsatira, ndipo azikapereka gulu likayankha bwino. Amene ali pafupi ndi mzinda wa Tete ali ndi linga la São Tiago Maior, mlatho wa Samora Machel umene unatsegulidwa mu 1973, ndiponso mtsinje wa Zambezi umene David Livingstone anatsata pofika mumzindamo mu 1856. Kumeneko akuluakulu ambiri adzayankha m'Chinyungwe, ndipo ana akabwere ndi mawuwo monga awamvera. Amene ali kumudzi ali ndi mlambe kapena kachere wa pabwalo la milandu, sitolo yakale, chigayo choyamba, njira imene anthu anadzera pothawa nkhondo ndi imene anabwererera mtendere wa mu 1992 utafika. Malo aliwonse okhala ndi dzina ali ndi nkhani ya mmene dzinalo linabwerera.

Musanalembe ndagi ngakhale imodzi, yendani nokha njira yonseyo pa nthawi imene ana adzayende, kuti mudziwe kutalika kwake ndi pamene pali mthunzi. Kaonaneni ndi amfumu kapena anyakwawa, muwauze malo amene mwasankha, ndipo iwo akuuzani osayenera kupondapo ana. Kumanda ndi kudambwe sikulowa m'sewero. Magulu akhale a ana asanu kapena asanu ndi mmodzi, ndipo aliyense akhale ndi ntchito yake: wowerenga ndagi mokweza, wofunsa akuluakulu, wolemba yankho, wojambula chimene chapezeka. Mukapanda kugawa chonchi, mwana mmodzi wochangamuka adzachita zonse, ena n'kumangothamanga pambuyo pake. Ndagi zisanu ndi imodzi zimakwana kwa ana a kalasi 3.

Chipwitikizi chilowe pambuyo. M'makalasi oyamba ndagi, mafunso ndi mayankho zonse zikhale m'Chinyanja, pakuti ndagi imadalira mawu okhala ndi matanthauzo awiri, ndipo mwana sangawagwire m'chinenero chimene akungochiyamba kumene. Ana akabwerera m'kalasi, tengani zinthu zimene azipeza ndi kuzipatsa maina ake a Chipwitikizi: chitsime chikhale poço, mlatho ukhale ponte, linga likhale fortaleza. Mawu atsopanowo adzagwera pa chinthu chimene mwana wachiona ndi maso ake. Kuyambira kalasi 4, pamene Chipwitikizi chimayamba kutenga malo aakulu, gulu lililonse lingalembe mizere itatu yofotokozera mlendo malo amodzi m'zinenero zonse ziwiri.

Ntchito ya sabata ino pa sukulu yathu ya uphunzitsi ndi iyi. Awiriawiri sankhani malo asanu amene munthu angawafike ndi miyendo kuchokera pachipata, ndipo mulembe ndagi ya malo aliwonse m'Chinyanja. Ziwiri mwa izo zikhale zofuna kufunsa munthu. Mukatha sinthanani ndi anzanu, iwo ayende njira yanu inu musanawauze kanthu. Ndagi imene ayankhe asananyamuke pampando muilembenso, chimodzimodzinso imene onse ailephere ataima pamalo pomwepo.