Maso a Woyang'anira Makina a Magetsi ku Wovwe

Pa mtsinje wa Wovwe, m'boma la Karonga, pali nyumba ya magetsi imene inayamba ntchito m'chaka cha 1995 ndi chithandizo cha dziko la Germany. Madzi otsika ku mapiri a Nyika azunguza makina atatu, ndipo onse pamodzi apereka mamegawati 4.35. Kuyambira 2017 nyumbayi ili m'manja mwa EGENCO.

Tsono munthu woyang'anira makina otere sangathe kuona madzi ali m'kati mwa paipi, kapena kukhudza chitsulo chozungulira kuti adziwe kutentha kwake. Masiku ano zonsezi aziwerenga pa galasi la kompyuta, pamene pajambulidwa makinawo ndi manambala ake. Chithunzicho ndicho maso ake, ndipo chikasokonekera, iyenso asokera.

Maiko ena anaphunzira zimenezi ndi misozi. M'chaka cha 1979, pa nyumba ya magetsi ya Three Mile Island ku America, nyali ina inachititsa antchito kukhulupirira kuti valavu yatsekeka, chikhalirecho inali yotseguka. Pakuti nyaliyo inangosonyeza kuti lamulo lotseka laperekedwa. Mu 1994, pa fakitale yoyenga mafuta ku Milford Haven, m'dziko la Britain, antchito awiri analandira machenjezo 275 m'mphindi 11 zokha moto usanabuke. Ndani angamve mawu amodzi pamene mudzi wonse ukufuula?

Chifukwa chake akatswiri anagwirizana pa malangizo, monga a ISA-101 a m'chaka cha 2015. Chithunzi chikhale chotuwa ndi chosakometsera, kuti mtundu wofiira ukaoneka, diso lithamangire pomwepo. Nambala isaime yokha, koma isonyeze malire ake, ndiponso ngati ikukwera kapena kutsika. Chenjezo likhale ndi chizindikiro kuwonjezera pa mtundu, popeza alipo anthu osasiyanitsa chofiira ndi chobiriwira. Ku malo onga Wovwe, tsamba loyamba liyenera kuonetsa msinkhu wa madzi polowera, liwiro la makina ndi kutentha kwake.

Inu a m'maofesi a Boma amene muvomereza kugula zipangizo, musakopeke ndi zithunzi zokongola. Funsani ngati wantchito wa usiku anafunsidwa maganizo ake. Nanunso aphunzitsi, zoloweretsani ana kujambula magirafu omveka bwino, pakuti mwa iwo mudzatuluka osunga kuunika kwa zipatala ndi sukulu zathu.