ANA A KU GOLZOW

Golzow ndi mudzi waung'ono wa alimi m'dziko la Germany, pafupi ndi mtsinje wa Oder umene uli m'malire ndi dziko la Poland. Kale Germany anali wogawika pawiri, ndipo mudziwu unali ku mbali ya kum'mawa, kumene boma la cikomyunizimu linatenga mafakitale nilisonkhanitsa minda ya anthu kuti azilima pamodzi.

M'caka ca 1961, patangopita masabata ocepa cimangire khoma lodula mzinda wa Berlin, mnyamata wojambula kanema, dzina lace Winfried Junge, anafika pamudzipo ndi makina ace. Anatumidwa ndi DEFA, nyumba ya kanema ya boma, kukajambula ana amene anali kuyamba sukulu. Akuluakulu anayembekeza kuti anawo pokula adzaonetsa ubwino wa ulamuliro watsopanowo.

Junge sanalekere pomwepo. Anabwerera kawirikawiri, nawajambula alikuphunzira kulemba, alikusankha nchito, alikukwatira ndi kubala ana aoao. Mu 1981 anaturutsa kanema wochedwa Lebensläufe, wa maola oposa 4, wofotokoza moyo wa 9 mwa iwo.

Tsono cinacitika cimene sicinali m'maganizo a omtuma. Mu November 1989 khoma lija linatseguka, ndipo mu October 1990 dziko la kum'mawa linatha, nililowa m'dziko la kumadzulo. Munda waukuru wa onse pamodzi unasanduka kampani yosafuna manja ambiri. Ana aja, amene tsopano anali amuna ndi akazi a zaka zoposa 30, anapeza ufulu wolankhula ndi woyenda, koma ena anataya nchito zimene anayesa kuti ndi za moyo wonse. DEFA yomwe inagulitsidwa mu 1992, kotero Junge ndi mkazi wace Barbara, amene anali kumthandiza kulumikiza zithunzi, anayamba kufunafuna ndalama kwina.

Apa ndi pamene pali mphamvu ya nchito yao. Wojambula wofika lero kudzafunsa za kale amangolandira zimene munthu akumbukira, ndipo mtima umasankha zokumbukira. Koma a Junge anali nazo kale nkhope ndi mau. Woonerera amva munthu alikunena za boma lace pamene bomalo linali ndi mano, pambuyo pace namumvanso yemweyo litagwa. Ena anasintha mau, ena anaumirira pa zakale, enanso anakana kujambulidwanso, ndipo palibe angawadzudzule: n'kobvuta kukalamba anthu onse alikupenya.

Nchitoyo inatha mu 2007, patapita zaka 46, ndipo kanema yense pamodzi apitirira maola 40. Pamenepo n'kuti acinyamata ambiri atacoka ku midzi yotere kukafuna nchito kwina. Mu 2015 ana oyamba sukulu anacepa kwambiri pa Golzow, ndipo mudziwo unalandira mabanja othawa nkhondo ku Syria, kuti ana ao akwaniritse kalasi yoyamba pa sukulu yomwe ija.