Kodi mafilimu a ku Germany analosera kubwera kwa Hitler?

M'mwezi wa Febuluwale chaka cha 1920, m'nyumba yoonetseramo kanema ya Marmorhaus mumzinda wa Berlin munaonetsedwa filimu yosafanana ndi ina iliyonse ya nthawiyo. Dzina lake linali Das Cabinet des Dr. Caligari, ndipo anaitsogolera ndi Robert Wiene. Makoma a nyumba za m'filimuyo anali opendekeka, mawindo okhota, njira zopindikapindika, ndipo ngakhale mithunzi inali yochita kupenta pansi ndi pazinsalu. Nkhani yake ndi ya mkulu wina, Dr. Caligari, amene amaonetsa anthu mnyamata Cesare, wogona tulo tosatha m'bokosi longa la maliro. Pachionetsero amamudzutsa kuti alosere za anthu, usiku n'kumamutuma kukapha. Patatha zaka 27, mu 1947, Siegfried Kracauer anatulutsa ku America buku lotchedwa From Caligari to Hitler. Iye anati dokotalayu ndi mnyamata wake womvera ali m'tulo anali chithunzi cha zobisika m'mitima ya Ajeremani, ludzu lofuna mtsogoleri wankhanza woti aziwaganizira ndi kuwalamula. Ganizoli linazika mizu moti mpaka lero ambiri amaonera mafilimu a zaka za 1919 mpaka 1933 ngati ulosi. Komatu umboni umene akatswiri akhala akufukula ukuloza kwina. Mafilimuwa anapangidwa ndi anthu ovulazidwa ndi nkhondo yomwe inali itangotha, anthu osakasaka msika, amene tsogolo lawo linali lisanagamulidwe.

Tiyambire pa ndalama, poti filimu sipangidwa ndi maloto okha. Mu 1916, nkhondo yoyamba yapadziko lonse ili mkati, boma la Germany linaletsa mafilimu ambiri ochokera kunja, ndipo opanga mafilimu a m'dzikomo anatsala pafupifupi okha pamsika. Mu Disembala 1917 kampani yaikulu ya UFA inakhazikitsidwa mwachikoka cha asilikali, makamaka kazembe wankhondo Erich Ludendorff, amene ankafuna kanema wokopera anthu kumbali ya boma. Nkhondo itatha, ufumu unagwa ndipo kunabwera boma la demokalase lomwe limadziwika ndi dzina la mzinda wa Weimar. Ndalama ya dzikolo inayamba kugwa mphamvu, kufikira kuti mu Novembala 1923 dola imodzi ya ku America inkasinthidwa ndi ma mark oposa 4 thililiyoni. Kwa mabanja wamba uku kunali kusaukiratu, koma kwa opanga mafilimu unali mwayi: ankalipira antchito ndi ndalama yopanda mphamvu, n'kukagulitsa filimu kunja pa ndalama yolimba. Erich Pommer, amene kampani yake inapanga Caligari ndipo pambuyo pake anayang'anira ntchito yopanga mafilimu ku UFA, anazindikira kuti Hollywood sangaigonjetse poitsanzira. Njira inali kugulitsa chinthu chimene Amereka analibe, filimu yooneka ngati luso lapamwamba. Choncho mdima ndi mithunzi zomwe ena amati ndi mzimu wa fuko zinalinso chizindikiro cha malonda.

Kracauer sanali munthu wolankhula za m'maluwa. Anali Myuda wa ku Frankfurt, mtolankhani wa nyuzipepala ya Frankfurter Zeitung, amene anaonera mafilimuwa akungotuluka ndi kuwalemba m'nyuzipepala. Anathawira ku Paris mu 1933, kenaka ku New York mu 1941, komwe analemba buku lake mothandizidwa ndi nkhokwe ya mafilimu ya Museum of Modern Art. Mfundo yake inali yakuti filimu imapangidwa ndi gulu ndipo imapangidwira khamu, motero imaulula zokhumba za khamulo kuposa buku lolembedwa ndi munthu mmodzi. Anandandalika olamulira ankhanza a pakanema: Caligari, mzukwa woyamwa magazi wa mu Nosferatu ya F. W. Murnau ya 1922, ndi chigawenga Dr. Mabuse cha Fritz Lang cha chaka chomwecho. Anatchulanso Der letzte Mann ya 1924, momwe Emil Jannings ndi mlonda wa pakhomo la hotela amene amatsitsidwa paudindo kuti azikatumikira kuchimbudzi. Atalandidwa yunifomu yake ya mabatani onyezimira, msana umapindika, miyendo imalemera, ndipo amafika poba yunifomuyo kuti anansi asadziwe. Kwa Kracauer, uyu anali Mjeremani amene popanda yunifomu sadziona ngati munthu.

Mzati waukulu wa bukuli unali mapeto a Caligari. Kumathero kwa filimuyo timazindikira kuti Francis, wofotokoza nkhani yonse, ndi wodwala m'chipatala cha amisala, ndipo Caligari ndi mkulu wa chipatalacho, dokotala wooneka wachifundo. Kracauer anadalira zomwe analemba Hans Janowitz, mmodzi mwa olemba awiri a filimuyo, ali ku America patapita zaka pafupifupi 20. Janowitz anati iye ndi mnzake Carl Mayer analemba nkhani yolunjika yodzudzula olamulira otumiza achinyamata kukapha, koma opanga filimu anaikuta ndi nkhani ya wamisala kuti mbola ichoke. Kracauer anati apa ndi pomwe kuukira kunasanduka kugonjera. Koma Werner Krauss, amene anasewera ngati Caligari, anali atasunga kope la zolemba zoyambirirazo. Linafika m'manja mwa bungwe la Deutsche Kinemathek m'zaka za m'ma 1970 ndipo linasindikizidwa mu 1995. Kopelo likusonyeza kuti olembawo anali ataikuta kale nkhani yawo: Francis, ali pamtendere kunyumba kwake patapita zaka, akufotokozera alendo zomwe zinachitika kalekale. N'zoona kuti za chipatala cha amisala zinawonjezedwa pambuyo pake, koma nkhani yosakutidwa yoputa boma ija, yomwe Janowitz ankakumbukira, simo. Chikumbumtima cha munthu wothawa kwawo chinali chitapakidwa utoto ndi zomwe anaona pambuyo pake.

Umboni wachiwiri ndi wa zomwe anthu ankaoneradi. M'zaka zimenezo Germany inkatulutsa mafilimu mazanamazana pachaka, ndipo ambiri mwa iwo anatayika: ena anapsa, ena anawola, ena anawonongeka pankhondo. Amene anapulumuka ndi kutchuka ndi aja okondedwa ndi osunga mafilimu ku Paris ndi ku New York. Mmodzi mwa osungawa, Lotte Eisner, amene ankagwira ntchito ku Cinémathèque Française, anatulutsa buku lake L'Écran démoniaque mu 1952. Iye anasiyana ndi Kracauer pofufuza gwero la mithunzi ija m'zisudzo za Max Reinhardt ndi m'zojambula ndi zolemba zakale za Chijeremani, koma nayenso anakhazikika pa mafilimu amdima. Chikhalirecho mafilimu a mtundu wa Caligari anali ochepa zedi. Wogwira ntchito m'sitolo kapena mufakitale akalipira tikiti Loweruka madzulo, kawirikawiri ankaonera zoseketsa, zachikondi, za apolisi ofufuza milandu, ndi za ku Hollywood. Imodzi mwa mafilimu okopa anthu koposa mu 1930 inali Die Drei von der Tankstelle, ya abwenzi atatu osowa ndalama amene amatsegula malo ogulitsira petulo, akuimba ndi kuvina. Thomas Elsaesser, m'buku lake la 2000 lotchedwa Weimar Cinema and After, anasonyeza kuti chithunzi chomwe tili nacho cha kanema wa nthawiyo chinaumbidwa kwambiri ndi mabuku a Kracauer ndi Eisner. Patrice Petro, mu 1989, anakumbutsa kuti oonera ambiri anali akazi, pomwe mtima wa fuko umene Kracauer ankaufotokoza unali wa mwamuna.

Nanga mantha oonekeratu m'mafilimu otchukawa anachokera kuti? Anton Kaes anayankha m'buku lake Shell Shock Cinema la 2009: tiyang'ane kumbuyo. Asilikali a Germany pafupifupi 2 miliyoni anafa pankhondo ya 1914 mpaka 1918, ndipo ochuluka anabwerako opanda miyendo, akhungu, kapena akunjenjemera ndi kusalankhula chifukwa cha zomwe anaona m'maenje omenyeramo nkhondo. Madokotala ena a asilikali ankawathira magetsi odwala oterewa kuti achire msanga n'kubwerera kunkhondo. Janowitz anali msilikali ndipo anabwerako akudana ndi nkhondo. Mayer anapimidwa ndi dokotala wa misala wa asilikali. Murnau ankaulutsa ndege zankhondo, Lang anavulazidwa akumenyera dziko la Austria. Munthu wa mu 1920 akaona mnyamata wowonda, wa maso otong'oka, akutuluka m'bokosi kukapha polamulidwa ndi dokotala, sankafunika mneneri womuuza tanthauzo. Mu Nosferatu, mzere wa mabokosi a maliro umadutsa mumsewu wa mzinda wogwidwa ndi mliri, ndipo oonerawo anali atangoika m'manda abale awo ofa ndi nkhondo komanso ndi chimfine choopsa cha 1918. Kufotokoza kumeneku kuli ndi mphamvu chifukwa kumadalira zomwe opanga ndi oonera ankazidziwa kale.

Pali chotsutsa cholemera chimene sitingachilambalale. Wina anganene kuti ulusi wopita kwa Hitler ukuonekadi. Mafilimu a Fridericus Rex a 1922 ndi 1923 ankatamanda mfumu yankhondo ya ku Prussia, ndipo anthu ankawakonda. Mafilimu a m'mapiri a Arnold Fanck, otamanda kulimba mtima ndi kudzipereka mpaka imfa, ndi omwe anakuza Leni Riefenstahl, amene pambuyo pake anajambula misonkhano ya chipani cha Hitler cha Nazi. Joseph Goebbels, nduna ya Hitler yoona zokopa anthu, mu Malichi 1933, anayamikira poyera Die Nibelungen ya Lang. Ndipo filimu ya Lang ya Metropolis itamwa ndalama za UFA zoposa ma mark 5 miliyoni n'kulephera kubweza, UFA inagulidwa mu 1927 ndi Alfred Hugenberg, amene anadzakhala nduna m'boma loyamba la Hitler. Zonsezi n'zoona. Koma zikutsimikizira kuti panali mbali imodzi ya mkangano, osati kuti fuko lonse linali ndi mtima umodzi. M'nyumba za kanema zomwezo munaonetsedwa Westfront 1918 ya G. W. Pabst mu 1930, yoonetsa nkhondo ngati kuphana kopanda phindu, ndi Kuhle Wampe ya 1932, yonena za mabanja a malova, yomwe Bertolt Brecht anathandiza kulemba. Mu Disembala 1930 anyamata a Nazi anamwaza mbewa zoyera ndi mabomba onunkha m'nyumba ya kanema ku Berlin kuti asokoneze filimu ya ku America ya All Quiet on the Western Front, mpaka boma linailetsa. Ngati mitima yonse inali kale yawo, chipolowecho chinali cha chiyani? Pachisankho cha 1928, patatha zaka zisanu ndi zitatu Caligari itatuluka, chipani cha Nazi chinapeza mavoti osakwana 3 pa 100 alionse. Chinadzafika pa mavoti 37 pa 100 alionse mu Julayi 1932, chuma chitagwa ndipo anthu pafupifupi 6 miliyoni ali pa ulova.

Njira zomwe opanga mafilimuwo anatsata ndi umboni womveka kuposa wina uliwonse. Krauss, Caligari uja, anatsala m'dzikomo ndipo mu 1940 anasewera mu Jud Süss, filimu yofesa chidani pa Ayuda. Conrad Veidt, Cesare uja, amene mkazi wake anali Myuda, anachoka mu 1933 n'kupita ku Britain, ndipo anathandiza dzikolo ndi chuma chake pankhondo yolimbana ndi Hitler. Lang anachoka, koma Thea von Harbou, amene anali mkazi wake ndiponso mlembi wa Metropolis, anatsala n'kulowa chipani cha Nazi. Mu Der blaue Engel ya 1930 munali Jannings, amene anadzakhala wolemekezeka wa boma la Nazi, Marlene Dietrich, amene anakana kubwerera kwawo n'kumakaimbira asilikali a America, ndi Kurt Gerron, amene anaphedwa kumsasa wa Nazi wa Auschwitz mu 1944. Kumapeto kwa Malichi 1933, akuluakulu a UFA anakhala pansi n'kugwirizana zochotsa ntchito Ayuda. Anthu ogwira ntchito imodzi, oima patsogolo pa kamera imodzi, anasankha mosiyana. Munthu akamwalira, pamaliro timakumbukira mawu ake onse ngati ankatsanzika, chonsecho tsiku lomwe ankawalankhula anali kungocheza. Ndi mmene buku la 1947 linawerengera mafilimu a zaka za m'ma 1920.

Izi sizikutanthauza kuti buku la Kracauer litayidwe. Iye ndi mmodzi mwa oyamba kuphunzitsa dziko kuti filimu, ngakhale yongosangalatsa, ndi umboni wa mbiri woyenera kuufunsa mafunso, ndipo onse omutsutsa akugwiritsa ntchito khomo lomwe iye anatsegula. Ankalemba phulusa la nkhondo lisanazizire, akufuna kumvetsa chomwe chinameza dziko lake, ndipo analibe zambiri zomwe zilipo lero. Mu 2008, m'nyumba yosungira mafilimu ya Museo del Cine ku Buenos Aires munapezeka kope la Metropolis lokhala ndi mphindi pafupifupi 25 zomwe zinadulidwa mu 1927, ndipo filimu yokonzedwanso inaonetsedwa mu 2010. Kwa zaka 80 anthu ankaweruza filimu yoduka. Phunziro limeneli likuyendabe, ndipo kope lililonse lopezeka limasintha zina.

Chifukwa chachikulu chokanira ganizo la ulosi n'chokhudza mlandu. Tikati Hitler anali kale m'maloto a fuko mu 1920, ndiye kuti palibe amene akanamuletsa, ndipo amene anamuvotera, amene anamupatsa ndalama, ndi andale amene anamuika pampando pa 30 Januwale 1933 poganiza kuti amuweta, onse akusanduka ogona ngati Cesare. Koma anthu amenewa anali maso. Mafilimu a nthawi ya Weimar amatisonyeza dziko lovulala, lokangana, loseka ndi lochita mantha, lomwe linali ndi njira zingapo patsogolo pake. Kuwaonera motero n'kolondola pa mbiri, ndiponso kumasiya mlandu pa amene anaupalamula.